Makina Osokera Dzuwa a Bambo Asif

Elsie Mwandira anabadwira ku Zomba, anaphunzira za zakudya ndi thanzi, ndipo anabwera ku Leicester, ku Mangalande, zaka zinayi zapitazo kudzawonjezera digiri yachiwiri. Digiriyo ili m'sutikesi pamwamba pa kabati. Ntchito imene anapeza ndi yoyenda m'makomo a okalamba, kuwasambitsa, kuwamwetsa mankhwala ndi kuwatenthetsera chakudya. Makomo khumi ndi anayi pa tsiku, lililonse mphindi makumi awiri. Akalowa amadina pafoni, akatuluka amadinanso, ndipo ku ofesi amaona zonse. Viza yake imadalira kampani imene inamulemba ntchitoyi. Ntchito ikatha, kukhala kuno kwathanso.

Makomo enawo, kunena zoona, sankavuta. Ankalowa, kugwira ntchito, n'kutuluka. Lovuta linali limodzi, la ku Spinney Hill, kwa Bambo Asif.

Bambo Asif anali Mmwenye wobadwira ku Limbe, amene anakonza makina osokera zovala kwa zaka makumi anayi, kumudzi ndi kuno komwe. Sitiroko itawagwira, Chingerezi chinawathawa m'kamwa, koma Chichewa cha paubwana chinatsala. Mwana wawo, Fehmida, ndiye anapempha kampani kuti izitumiza munthu wa ku Malawi.

Tsono Elsie analeredwa ndi mayi osaseka pa nkhani ya ulemu. Wamkulu sumulonjera uli chilili. Sumudula mawu. Suchoka asanakuuze kuti upite bwino. Malonje okha ankadya mphindi zisanu: wadzuka bwanji, kumudzi ali bwanji, kodi mvula yayamba. Akatha pamenepo, Bambo Asif ankatulutsa mapepala awo.

Pamapepalapo panali dziko limene analipeka okha, Chigwa cha Atelala, kumene dzuwa limathamanga kwambiri moti munthu amamera imvi asanafolere nyumba yake. Anthu a kumeneko anapanga makina aakulu ngati chigayo, opondera ndi phazi. Singano yake imabaya dzuwa n'kulisokerera kuthambo. Munthu akamaponda, nthawi imaima: mvula imalendewera m'malere, khanda silikula, wodwala safa.

"Koma pali vuto, mwana wanga," ankatero, akuloza ndi dzanja limene linkagwirabe. "Wopondayo nthawi yake siima. Iye akuponda, akukalamba, anzake ali phee. Angavomere ndani?"

"Ankolo, imwani kaye mapiritsi."

"Iwe madigiri awiri, kundithandiza kuganiza kokha kukukanika? Sukulu za lero n'zongovalira chipewa."

"Nanga inu, zaka makumi anayi, makina amodzi omwewa akukugonjetsani?"

Bambo Asif ankaseka mpaka kutsokomola, uku foni ikunjenjemera m'thumba la Elsie.

Lolemba lina manejala wake, Tasleem, anamuitana ku ofesi. Sanakalipe, anangomutembenuzira kompyuta. "Taona wekha. Ukachoka ku Spinney Hill, makomo onse otsatira umafika mochedwa. Mayi wa shuga uja analandira mankhwala patadutsa mphindi makumi anayi. Ili ndi chenjezo lomaliza, Elsie. Kenako ndi kalata yokuchotsa ntchito."

Elsie anayesa zonse zimene akanatha. Nkhomaliro ankadyera m'njira. Basi ankaithamangira mpaka bondo linayamba kudandaula. M'mawa, akutsuka mano, ankayeserera pagalasi kunena kuti, "Ankolo, ndikupita." M'bafa mawuwo ankatuluka bwinobwino.

Lachinayi, Bambo Asif ali pakati pofotokoza za lamba wa makina aja, foni inasonyeza kuti kwatsala mphindi imodzi. Elsie anaimirira.

"Ankolo, pepani, ndikukudulani mawu. Ndikapitirira lero andichotsa ntchito. Akandichotsa, viza yatha."

Bambo Asif anamuyang'ana, pensulo ili m'mwamba.

"Zayamba liti zimenezi?"

"Tsiku loyamba lomwe."

"Nanga osanena bwanji?"

"Munali mukulankhula."

Elsie anadikira pang'ono pakhomo, koma "pita bwino" sanamveke. Anadina pafoni n'kutuluka. Tsiku lonselo anafika paliponse m'nthawi yake, koma mumtima ankamva ngati waba chinthu m'nyumba ya eni.

M'mawa mwake anawapeza atakhala kale pampando, madzi ali m'kapu, patebulo popanda pepala ndi limodzi lomwe. Asanagwade n'komwe, iwo anayamba.

"Ndadzuka bwino, iwenso wadzuka bwino, kumudzi onse ali bwino, za mvula sitikudziwa. Yamba ntchito."

Anawapukuta kumaso, kuwasintha malaya, kuwatenthetsera phala. Zonse zinatha m'mphindi khumi ndi zisanu ndi ziwiri, ndipo nyumbayo inafanana ndi makomo ena aja. Akutola chikwama, Bambo Asif anamukodola n'kumulowetsera kapepala kopinda m'thumba la yunifolomu.

"Ukawerengere m'basi. Pita bwino. Thamanga, madigiri iwe."

M'basi anakatambasula. Anali makina omwe aja, singano, lamba ndi dzuwa losokedwa. Koma pa chopondera anajambulapo kamunthu kovala yunifolomu, foni itatulukira m'thumba. Pansi pake panali zilembo zokhotakhota: "Njira sindinaipeze. Wopondayo akatopa azitsika, dzuwa lipite."

Anakapinda mosamala n'kukaika kuseri kwa foni. Pakhomo lotsatira anafika kutatsala mphindi zitatu, chinthu chimene chinali chisanamuchitikirepo chiyambire ntchitoyi. Anaima pageti osadziwa chochita nazo. Kenako anakhala pakampanda ka njerwa, anavula nsapato ya kumanzere, n'kuyamba kusisita phazi.