Sewero la Lachisanu Loyera Lopanda Phokoso

Ndinkaphunzitsa pasukulu ya mishoni kufupi ndi Ulongwe, nkhondo yachiwiri yapadziko lonse itatha kale, pamene wansembe wathu, Mfalansa wokalamba, anabwera ndi kanema wakwawo. Tinaonera masanasana m'kalasi, mawindo titatseka ndi masaka.

Anthu ankayembekezera zothamangitsana ndi zoseketsa, ngati zimene galimoto ya boma inkaonetsa ku Balaka. Koma kanemayu analibe ngakhale nyimbo. Mayi wina ankadwazika mwamuna wake. Tinkangoona manja akufinya kansalu, chitseko chikutsekeka, mbale ili patebulo. Mwamunayo atamwalira, mayiyo sanalire, anangopinda bulangete. Ambiri anatuluka akunyinyirika. Ine ndinatsala mpaka kumapeto, chifukwa amayi anga, tsiku limene abambo anatisiya, anangotenga tsache n'kukasesa pabwalo.

Ndinafunsa wansembeyo chifukwa chake mayi uja sanaonetse chisoni.

"Inu simunachione, aphunzitsi?" anandiyankha choncho basi.

Chaka chimenecho sewero la Lachisanu Loyera linali m'manja mwanga. Zaka zonse asilikali ankavala zipewa zamapepala, akumenya ndi kutukwana mpaka anthu kumaseka, amayi a Ambuye akugubuduka pansi. Ndinachotsa zonsezo. Ndinasiya mtanda, zingwe ndi nsalu imodzi. Gawo la amayi a Ambuye ndinapatsa mayi wina wamasiye wa kwa Mposa, wogulitsa chinangwa, amene sankayankhulayankhula.

Akatekisi athu anapsa mtima.

"Aphunzitsi, mukufuna anthu agone? Maliro opanda kulira munawaona kuti?"

"Iyayi, akatekisi," ndinatero. "Ofuna kulira alira okha. Ife tisawalirire."

Anakandinenera kwa akuluakulu a mpingo, ndipo asilikali awiri anasiya sewerolo. Malo a mmodzi ndinalowapo ndekha, winayo sitinamusowe.

Tsikulo litafika, titatsitsa Ambuye pamtanda, mayi wamasiye uja anagwada n'kuyamba kumasula zingwe m'manja mwa mwana wake. Mfundo imodzi inavuta. Sanafulumire, anaimasula ndi mano. Tchalitchi chonse chinati zii, moti tinamva njinga ikudutsa kumsewu. Kenaka kumbuyo wina anayamba kusisima, liwu lachimuna.

Chaka chotsatira sewerolo akatekisi analipatsa munthu wina, zipewa zamapepala zinabwereranso, anthu anaseka ngati kale. Ine ndinadikira Lenti ina, ndinapita kunyumba kwawo kukalipemphanso, ndipo sindinanyamuke pampando mpaka atavomera.