Fita za a Damiano pa denga la msasa

Tinali kutong'ola chimanga pakhonde ku Mualadzi, nthawi ya nkhondo. Achimwene anga, a Damiano, anali atagwada m'fumbi ndi makina awo a sinema, akujambula manja a amayi. Mfuti inalira kumsika. Nkhuku zinathawa ife tisanadzuke.

Inu ana a matelefoni mumati kuno kunalibe wopanga sinema. Bodza limenelo. A Damiano anaphunzira ntchitoyi ku Beira, akusesa m'nyumba yoonetsera sinema. Analibe bwana, analibe wowathandiza. Ankajambula akazi pamtondo, maliro ndi ukwati, n'kutionetsa pa nsalu yoyera ndi jenereta yobwereka. Anthu ankaseka poona nkhope zawo. Kukacha ankati mnyamatayu ndi mlesi, salima.

Tsiku limenelo anandisenzetsa zitini za fita, timalamba tojambulapo sinema, momwe munali ntchito yawo yonse. Amayi anali atathamangira kukhola kukamasula mbuzi. A Damiano anawatsatira.

"Zisanyowe," anatero a Damiano pochoka.

Ine ndi azing'ono anga tinadzera m'tchire, msewu wa ku Cassacatiza tinauopa. Anatitsogolera malume athu, a Zakaliya. Tinkadya masau. Nkhata inandisupula pamutu. Malume anati nditaye zitinizo, ndisenze mphika. Ndinakana. Powoloka mtsinje madzi anandifika m'khosi, koma zitini sizinanyowe.

Ku Zambia anatilozera malo oti timange msasa. Mitambo inali itayamba kuda. Mitengo yonse inali yosendeka, luzi anatha nalo amene anafika kale.

Ndinapita pamzere wolandirira nyemba. Pobwera ndinapeza zitini zili zotsekula. Malume anali padenga, akumanga udzu ndi fita. Oyandikana nawo ankabwera kudzapempha, iwo n'kumawadulira ndi mpeni, mkono umodzi umodzi, ngati nsalu yapamsika.

"Chingwe chabwino ichi," anatero malume. "Chithunzi sichifunditsa munthu."

Ndinakwera pamtanda wa denga. Dzuwa linkadutsa mu fita. Ndinaona amayi, ang'onoang'ono ngati nyemba, atagwira munsi, akuseka. Nkhope yomweyo kubwereza mpaka pamfundo. Malume anati wokhudza mfundoyo akagona panja pamodzi ndi azing'ono ake.

Mvula inagwa dzinja lonse. Zithunzi zinafewa, zinamatuka, zinatsika ndi madzi a padenga. Pofika masika fita inali yoyera mbee. Munthu ukanaonera mitambo.

Amayi sanafike. A Damiano sanafike. Manda awo sitikuwadziwa. Titabwerera kwathu nkhondo itatha, anthu omwe ankaseka pa nsalu ija anali ataiwala ndi dzina lomwe la a Damiano. Ana anga amandifunsa kuti agogo awo ankaoneka bwanji. Ndimawalozera mphuno ya mng'ono wanga.

Denga lija silinadonthe. Malume ankadzitama nazo pamowa mpaka kukalamba, anthu n'kumavomera kuti anapulumutsa banja. Pamaliro awo ndinaphika, ndinatunga madzi, ndinakhala pamphasa ndi anzanga. Sindinalire.