Tithetse Pachibale

Anzanga, ine ndinamuona koyamba Timoti ndili chagada m'ngalande.

Munali mu 2003. Ndinkachokera kuchigayo ku Namitambo, dengu la ufa lili pamutu. Pamtsetse ndinangomva, "Patukani! Patukani!" Ndisanacheuke, njinga inandigunda. Inalibe mabuleki. Mwini wake, Timotiyo, ankaimitsa poponda tayala ndi patapata, ndiye tsikulo patapatayo inaduka.

Mkono wanga wamanja unathyoka. Iye anagwada pambali panga, nkhope yonse ili mbuu ndi ufa.

"Chemwali, musafe chonde! Mwamva? Musafe!"

Ine ndine wamanyazi chibadwire. Ululu unali wosaneneka, koma ndinangoti, "Zikomo."

Amalume anga a Mikaele anapsa mtima n'kukamang'ala kupolisi. Timoti anagona m'selo, kenako anatuluka pabelo. Kukhoti amajisitireti anati poti sizinali zadala, tikhoza kukambirana kumudzi. Ndikakhululuka ine wovulalayo, mlandu utsekedwa. Ndikakana, mnyamatayo akhoza kulowa ndende.

Lamlungu lake Timoti anabwera ndi amalume ake, atanyamula nkhuku ndi chimanga. Ine ndinabisala kuseri kwa nkhokwe.

"Ife tabwera kudzapempha chibale," anatero amalume akewo. "Ana awa asadane. Nkhaniyi tithetse pachibale."

Mtima wanga unadumpha! Mawu oti kupempha chibale ndinawamva komaliza tsiku limene anthu anabwera kudzafunsira achemwali anga. Sukulu ndinalekezera sitandade sikisi, zamilandu sindinkazidziwa. Ndinamva zanga.

"Tione kaye khalidwe lake," anayankha amalume anga.

Kuyambira pamenepo Timoti sankasowa pakhomo. Ankathirira dimba langa, kuthyola nandolo, kunditengera kuchipatala panjinga ija, tsopano ili ndi mabuleki. Kwathu kuno mnyamata akamagwira khasu m'munda mwa amayi ako, aliyense amadziwa tanthauzo lake. Azimayi oyandikana nafe ankakuwira amayi anga kuti, "Anjelina, mkamwini wanu uja wafika!" Amayi ankaseka. Timoti nayenso ankangoseka, osakana.

"Ellina, kodi mawu anu mukusungira ndani?" ankandiseka tikamakwera chitunda. "Kapena mudzagulitsa pamsika?"

"Iii, inunso..."

"Onani, awiri atuluka! Lero ndalemera."

Palibe mnyamata amene anadikirapo kuti ndimalize kulankhula. Iye ankadikira.

Tsiku lina tikuchokera kochotsa pulasitala, anaimitsa njinga pansi pa mtengo wa mango.

"Ine popanda inu ndatha, Ellina. Moyo wanga uli m'manja mwanu. Ndikunena siriyasi."

Anzanga, inu mukanamva chiyani?

Tsiku la khoti ndinavala chitenje chatsopano. Amajisitireti anandifunsa ngati ndakhululuka mwa kufuna kwanga, popanda wondikakamiza.

"Eya."

"Kwezani mawu, mayi."

Ine amene ndinkanong'ona ngakhale poyimba m'tchalitchi, ndinakweza. "Ndakhululuka ndi mtima wonse! Ameneyu ndi wathu tsopano!"

Anthu anaseka. Mlandu unatsekedwa.

Titatuluka, mtsikana wina woyembekezera, mimba yotsala pang'ono, anabwera n'kugwada movutikira kutsogolo kwanga. Anandigwira dzanja lothyoka lija, misozi ili mbwembwembwe.

"Achemwali, ndine Falesi, mkazi wa a Timoti wa ku Mbombwe. Mulungu akudalitseni! Mwanayu akanabadwa bambo ake ali kundende."

Ndinamudzutsa. Ndikanatani? Iye sanandilakwire.

Timoti anaima pambali, akuyang'ana belu la njinga.

"Nanga chibale chija?" ndinamufunsa chapansipansi.

"Ndi chomwechi, Ellina. Ndinu mlongo wanga mpaka imfa."

"Mumadziwa zimene ndinkaganiza?"



"Ndinkadziwa. Ndinkaopa kuti ndikakuuzani za Falesi, mukana kukhululuka. Pepani."

Mawu anadzaza pakhosi panga, ambirimbiri, okwanira msika wonse. Koma otuluka anali amodzi omwe aja.

"Zikomo."

Anakweza mkazi wake panjinga n'kutsika mtsetse pang'onopang'ono, atagwira mabuleki. Ine ndinabwerera wapansi ndi amalume. Njira yonse ankayamikira kuti nkhani yatha bwino, popanda chidani.

Sindimuda Timoti, anzanga. Anali ndi mantha, ndipo ndende ikanangowononga anthu atatu, mkono wanga osaulunzanitsa. Lero atandifunsanso kukhoti, ndikhoza kukwezanso mawu.

Chimene chimandiwawa n'choti akanandiuza zoona pansi pa mango paja, ndikanakhululukabe. Sanandikhulupirire kuti ndingamuchitire chifundo popanda kundinyengerera ndi chikondi.

Mkonowu umawawa chiperoni chikagwa. Ndikamausisita ndimadziuza kuti munthu akadzabweranso kudzapempha chibale, ndidzatuluka kuseri kwa nkhokwe, ndidzamufunsa ndekha kuti, "Chibale chake chiti?"