Tsiku Lomwe Mayi Nazzarena Anaba M'munda wa Papa

Kuno ku Albano, mukafunsa munthu woti mungamusiyire makiyi a nyumba n'kupita ulendo, aliyense akulozerani kwa mayi Nazzarena. Moyo wawo wonse akhala akusita. Ali mtsikana ankasita malaya a eni ake kumalo ochapira zovala, atakula n'kuyamba kusita nsalu za paguwa ku parishi, ntchito yopanda malipiro. Batani la mwini likagwera m'dengu ankalisokerera pomwe lachoka. Ndiye mukamva kuti mayi ameneyu, mutu uli mbuu, anadzuka m'mawa wina Loweruka atamanga mtima kukaba, kubako m'munda wa Papa, musafulumire kuseka.

Amuna awo, a Settimio, anagwira ntchito m'munda umenewu kuyambira ali mnyamata mpaka mawondo atakana. Ndi munda uja wa kuseri kwa mpanda wautali wochokera ku Castel Gandolfo kudzafika kwathu kuno, kumene a Papa amabwera pothawa kutentha kwa ku Roma. Masiku amenewo mpanda unali mpanda ndithu. Mkazi wa wantchito ankathera pageti. Mayi Nazzarena ankabweretsa buledi ndi nyemba m'kambale kokulunga pansalu, n'kupatsira mlonda, n'kubwerera. Munda wonse ankaudziwira pa malaya a amuna awo: utomoni wa mikungudza, dothi lakuda, ndi fungo la rozimarino, chitsamba chija timaika pa nyama ya nkhumba yootcha.

A Settimio sanali munthu wa mawu ambiri, koma akayamba za mzere wa rozimarino umene anabzala ndi manja awo, m'mbali mwa njira yotsetsereka kuseri kwa khoma lakale la njerwa, anthu ankatopa nawo. "Mabwana ankafuna maluwa," ankatero, "ine ndinati dothi ili ndi la rozimarino. Kaoneni lero." Ankati kaoneni chikhalirecho akudziwa kuti palibe angakaone. Atagona m'chipatala anapempha chinthu chimodzi chokha: pamanda pawo pasakhale maluwa a pulasitiki, pamere chitsamba chochokera pamzere wawo uja. Mayi Nazzarena anavomera, ndipo iwo akavomera chinthu sabwerera m'mbuyo.

Anzawo a malemu a kuntchito anali anthu abwino. Wina anabweretsa kanthambi m'kamphika, mayi Nazzarena anathokoza, anakabzala, kanauma. Wina anabweretsa kena kokhala ndi mizu kale, kanaumanso. Apa ndiye mlamu wawo, mayi Fulvia, mlongo wa a Settimio, mayi wa pakamwa posatseka, anawapezera pokhalira.

"Alamu, inu munabadwira kuti kodi? Chitsamba chopatsidwa sichimera, makamaka ukathokoza. Kanthambi amachita kuba. Maluwa onse a pakhonde la amayi athu anali akuba, ndipo ankaphuka mpaka eni ake oberedwawo kudzafunsa kuti mumathira chiyani."

Zimenezi mayi Nazzarena ankazidziwa. Ndani sazidziwa kuno? Kungoti ankayesa kuti za kwa Papa n'zina. Anagona nazo nyengo yonse yozizira, akuyang'ana manda a amuna awo ali mbee pakati pa manda a anzawo obiriwira. Bambo mfumu sanawafunse, poti yankho ankalidziwa kale. Anangokonza mumtima kuti akaba Loweruka, akalapa Lamulungu.

Mwayi wake, munda uja anali atautsegulira alendo. Ukagula tikiti, umakwera kabasi kopanda mawindo koyendera magetsi, n'kukuzunguliza m'katimo, wokutsogolera akufotokoza. Anagula matikiti awiri. Mayi Fulvia anati akupita nawo kuti akaone pomwe adzamangidwire, akhale ndi chouza anthu.

Pageti alonda anafufuza m'zikwama, n'kutulutsa kasizasi kosokera m'chikwama cha mayi Nazzarena. Anati akakatenge potuluka.

"Mbava yanji yolandidwa zida isanalowe," ananong'ona mayi Fulvia.

"Zala ndili nazo, alamu. Kwerani."

M'kabasimo munali alendo ochokera ku Roma, azungu a kumpoto ofiira ndi dzuwa, ndiponso, tsoka lake, mkazi wa mwini famase, sitolo ya mankhwala ya pamsika pathu, mayi wodziwa kufalitsa nkhani kuposa belu la tchalitchi. Wowatsogolera anali mtsikana wotchedwa Ilenia, waulemu koma wa maso akuthwa, atanyamula kachokuzira mawu. Ananena malamulo kabasi kasananyamuke: manja akhale m'kati, osathyola chilichonse ngakhale tsamba, kutsika n'kamodzi kokha, pamalo a maluwa.

Kabasi katadutsa geti, mayi Nazzarena anagwira chitsulo cha mpando. Apa ndi pomwe ankabwererera zaka zonse zija. Ilenia ankafotokoza za mfumu ya Aroma imene inamanga nyumba yake pamalowa a Papa asanayambe kubwera, alendo akutembenukira uku ndi uku kujambula miyala yakale. Mayi Nazzarena maso anali pa mipanda ya zitsamba yometedwa mwaluso, yowongoka ngati nsalu yosita kumene, ndipo ankangoganiza za mawondo a amuna awo. Mtima unawawa. Munda wokongola chonchi, mwamuna kuthera moyo wake momwemu, mkazi wake n'kudzauona iye atapita, atakhala pakati pa anthu osadziwa ngakhale dzina lake. Koma kunyada nakonso kunalipo, ndipo anakhala mowongoka.

Pamalo a maluwa anthu anatsika n'kuthamangira kukhonde lalitali loyang'ana kuchigwa. Mayi Fulvia anadziwa ntchito yawo. Anaima kutsogolo kwa Ilenia ndi thupi lawo lonselo n'kuyamba mafunso: kodi a Papa akabwera amadya chiyani m'mawa, ng'ombe za kuno zimadalitsidwa, nanga mazira a nkhuku zake amakoma mosiyana ndi athu? Mtsikanayo akuyesetsa kuyankha, mayi Nazzarena anazemba.

Khoma la njerwa sanavutike kulipeza, poti a Settimio anali atalifotokoza mpaka ming'alu yake. Atalizungulira anaona njira yotsetsereka, ndipo m'mbali mwake mzere uja. Unali utakalamba. Zitsambazo zinafika m'chiuno, mitengo yake yokhakhala ndi yopindika, njuchi zili yakaliyakali pa timaluwa take. Fungo linawapeza asanafike. Linali fungo la malaya amene ankachapa Loweruka lililonse. M'malo mothyola n'kuthawa monga mbava yanzeru, anangoima, misozi ikutsika, dzanja lili pamwamba pa masamba.

"Mayi, mwasochera?"

Anali wantchito wa m'mundamo, bambo wa imvi pang'ono, atavala ovololo yobiriwira. Anawayang'anitsitsa, kenaka anavula chipewa.

"Si inu akazi a bambo Settimio? Ndine Ottavio. Ndinayamba ntchito m'manja mwawo. Nyemba zanu zija ndinadyako, ankandigawira."

Mayi Nazzarena anapukuta m'maso n'kuwauza zonse mwachidule, za manda ndi za tinthambi touma. A Ottavio sanadikire kuti amalize. Anasolola sizasi yodulira m'thumba n'kuwerama posankha nthambi yabwino. Mayi Nazzarena anawagwira mkono.

"Musadule, bambo. Mukadula inu ndiye kuti mwandipatsa."

A Ottavio anaseka pang'ono, poti nawonso ndi mwana wa kuno. "Ndamva. Ndiye tichite chonchi. Ine ndikukatseka madzi uko. Zochitika kumbuyo kwanga sindiziona."

Anatembenuka n'kuyamba kuyenda pang'onopang'ono, akuimba kamluzu. Mayi Nazzarena anayang'ana msana wawo, anayang'ana chitsamba. Dzanja linafika pakanthambi kanthete, kongofuna kutsina ndi chikhadabo. Koma analibweza.

"Bambo Ottavio, bwererani. Kumeneko n'kupatsa komweko, mwangobisa nkhope. Ndanamizidwa kawiri ndi ubwino wa anthu, kachitatu ayi."

"Mayi, ndiye mufuna ndikuthamangitseni ndi fosholo?"

"Mukanatero zikanatheka. Koma inu simungathe, mtima wanu ndi wofewa."

A Ottavio anapukusa mutu n'kuwaperekeza kugulu. Ilenia anali atayamba kale kuwerenga mitu ya anthu ake. Sanakalipe, anangoti, "Agogo, chonde musatalikirenso," koma kuyambira pamenepo diso lake silinawachoke.

"Mwabwerako ndi manja okhaokha?" anafunsa mayi Fulvia atakhala pampando. "Ine pakamwa pauma ndi mazira a Papa, inu mukukacheza ndi amuna a ovololo?"

"Anafuna kundipatsa."

"Ndiye?"

"Ndakana."

Mayi Fulvia anatembenukira kunja. Lamulo lokana chopatsidwa lija analibweretsa ndi iwo omwe.

Kabasi kananyamuka. Kotsikanso kunalibe. Mayi Nazzarena ankangoganiza za manda ali mbee aja, ndi zoti mawondo awo nawonso ayamba kukana, chaka chamawa mwina sadzakwera ngakhale kabasi kameneka. Anadutsa minda ya azitona, anadutsa makola a ng'ombe, kenaka woyendetsa anakhotera kumanzere n'kuchepetsa liwiro poti njira inayamba kutsetsereka. Kutsogolo kunaoneka khoma la njerwa.

Mzere uja unali mbali yomwe anakhala mayi Fulvia.

"Alamu, sunthani."

"Ndisunthire kuti? Pamutu pa mzunguyu?"

Mayi Nazzarena anaimirira kabasi kakuyenda, anakwera pamawondo a mlamu wawo, n'kutulutsa theka la thupi kunja.

"Agogo, khalani pansi," anatero Ilenia. "Agogo, manja m'kati."

Dzanja linalowa m'chitsamba n'kugwira nthambi. Koma sikanali kanthete kaja. Inali nthambi yokhwima, ndipo inakana. Kabasi kankapita, chitsamba chikukoka, mkono ukutambasuka mpaka phewa kulira. Mayi Fulvia anawakumbatira m'chiuno n'kutsamira m'mbuyo, akuitana oyera mtima onse amene ankawakumbukira. Mayi Nazzarena sanataye. Nthambi inang'ambika ndi khungwa lake lomwe, onse awiri n'kugwera pampando, wina pamwamba pa mnzake.

Woyendetsa anaimitsa kabasi. M'chikhatho cha mayi Nazzarena munali magazi, ndi nthambi yotalika ngati mpeni wa buledi.

Ilenia anabwera, nkhope itafiira ndi mantha komanso mkwiyo. Anaiwala kuti kachokuzira mawu kali pakamwa, ndiye mawu ake anamveka kabasi konse.

"Agogo, mukanagwa. Ndipo chimene mwachitachi n'kuba. Mwaba m'munda wa Papa."

Mawuwo anawalasa. Musaganize kuti sanawalase. Munthu amene sanatolepo ngakhale singano ya mwini, kutchedwa wakuba pamaso pa alendo, mkazi wa mwini famase ali pomwepo, foni ili kale m'manja. Manyazi anawatentha kuyambira m'khosi mpaka m'makutu. Anadziwa kuti dzuwa lisanalowe msika wonse ukhala utamva, ndipo amayi a ku parishi ayamba kufunsana ngati nsalu za paguwa zikuyenerabe manja amenewa. Komabe anadzutsa mutu.

"Mwati chiyani, mwanangu? Makutu anga ndi okalamba."

"Ndati mwaba."

"Simunandilole?"

"Ndikanakulolani bwanji? Ndinaletsa poyamba pomwe."

Mayi Nazzarena anatembenukira kwa mlamu wawo. "Alamu, mwamva?"

"Ndamva ine, wamva mzunguyu, zamva ndi ng'ombe zomwe," anatero mayi Fulvia akukonza tsitsi.

Ilenia anatambasula dzanja kuti alandire nthambiyo. Mayi Nazzarena anaikulunga mu hanki n'kuilowetsa m'bulauzi, pachifuwa penipeni, kenaka anapinda manja pamwamba pake. Mtsikanayo anayang'ana woyendetsa, woyendetsa anayang'ana kumwamba. Panalibe amene akanapisa dzanja pamenepo. Ilenia anaitana mlonda pa wailesi, ndipo mlondayo anawatsitsa onse awiri n'kuwayendetsa wapansi mpaka kugeti, akuwauza kuti asadzabwerenso. Mayi Nazzarena anavomera ndi mutu. Kubwererako kunalibe chifukwa.

Sanapite kunyumba. Anatsika msewu wa kumanda dzuwa lili paliwombo, mayi Fulvia akudandaula za mapazi, za msana, za mbiri ya banja imene yaonongeka ndi munthu wokwatiwa m'banjamo. Atafika, mayi Fulvia anatenga chitini n'kupita kumpopi wa pakhomo la manda.

Mayi Nazzarena anagwada movutikira. Anatulutsa nthambi ija, anasadzula masamba a m'munsi monga ankaonera amuna awo akuchitira pakhonde, anaboola dothi ndi chala n'kuilowetsa mpaka theka.

"A Settimio," anatero chapansipansi, "mzere wanu ndauona. Simunkanama, ndi wokongola. Dzina langa labwino ndalisiya komweko, ndatuluka ndi kokhaka. Kakauma, ndilibenso china chokagulitsa."

Anatsendera dothi ndi chikhatho chamagazi chija, n'kukhala m'mphepete mwa manda kudikira madzi.