Thalauza la Azakhali Analijambula Ndani?

Loweruka lapitali Mirela, mnzanga wa ku Romania amene timasamalira naye okalamba kuno ku Hamilton, anandikoka kuti tikaonere mafilimu afupiafupi a kwawo. Ndinavomera poganiza kuti kukakhala makeke. Kunalibe.

Mafilimuwo anali a moyo wa anthu wamba chikomyunizimu chitangogwa. Mfuti munalibe. Mu ina, bambo wina amadzuka m'mamawa, kuvala ovolosi, n'kupita kufakitale yoti inatsekedwa kalekale, poti kwina kopita sakukudziwa. Mu ina, mayi waima m'sitolo modzaza sopo wamitundumitundu. Iye anazolowera mtundu umodzi, ndiye atembenuza uyu, anunkhiza uyo, mpaka kutuluka chimanjamanja.

Ine ndinafa nako kuseka. Mirela ankapukuta misozi.

"Wa ovolosi uja wandikumbutsa bambo anga," anatero tili m'basi. "Nanga iwe umaseka chiyani?"

Ndinamuuza za azakhali anga a ku Ndirande. Ulamuliro wa chipani chimodzi utatha kwathu, akazi ataloledwa kuvala mathalauza, iwo anakagula lawo pakaunjika. Analivala kuchipinda, kudziyang'ana pagalasi, kenako n'kumangira chitenje pamwamba. Ankapita kumsika choncho, khadi la chipani chakale lili m'chikwama. Ndikawaseka ankati, "Mwana iwe, akabwereranso anthu aja udzandiombola ndiwe?"

Mirela anaseka mpaka dalaivala kutembenuka. Kenako anafunsa, "Ndiye filimu yake ili kuti?"



Inu akwathu, masiku aja mukuwakumbuka? Manyuzipepala kumera ngati bowa, m'minibasi aliyense kusanduka wandale, shuga kukwera mtengo usanamalize paketi. Tinkasangalala, koma mtima uli m'mwamba. Lero tikakumana pachinkhoswe ku Etobicoke timangokangana za akuluakulu, uyu anawina, uyo anabera. Za anthu ngati azakhali timaziyesa nthabwala.

Azakhaliwo anatisiya chaka chatha, ndipo nkhani zawo zambiri zinapita nawo. Ana athu obadwira kuno, oti ukawafunsa m'Chichewa amayankha m'Chingerezi, adzazimva kwa yani? Paja mawu a akulu amakoma akagonera, koma amagonera pamene wina wawasunga.

Makamera tili nawo. Paukwati timajambula mpaka nkhuku yomaliza. Nanga mukapita kumudzi Disembala uno, simungawakhazike amayi anu pakhonde n'kuwafunsa kuti khadi la chipani lija analitaya liti?