Chinyama cha ku Muloza

Ine chinyama chija ndinachikayikira tsiku lomwelo. Makutu a bulu, msinkhu wa hatchi, kulira kwake ngati chatsamwa. Bambo a kwathu anachikoka kuchokera ku Muloza, atasinthanitsa ndi mbuzi zanga zinayi zimene anandipatsa malume. Akuti anagulitsa ndi mkulu wina wa ku Milanje, wachipewa.

Ndinafunsa kuti dzina lake n'chiyani. Iwo, ndi mawu aukapitawo wa ku tiyi aja: "Iwe, n'chachikazi ichi. Chikaswa tidzaza khola."

Ndiye munthu angagulitse chachikazi choswa pa mbuzi zinayi? Ndinangoti kaya.

Tinachiperekeza kwa bulu wamphongo ku Chitakale. Mvula inagwa, inatha, inagwanso. Mimba osaoneka. Tsono nanenso nthawi imeneyo ndinali ndisanaone mwana, chaka chachitatu m'banja.

Alamu anga, achemwali awo a bambowo, anayamba kumabwera pafupipafupi. Amaima pakhola, kuyang'ana chinyama, kuyang'ana ine, kenako kamawu kawo kosongoka kaja: "Achimwene, pakhomo pano n'pomanga. Mpaka chiweto chomwe?" Ndinamva kuchitsime kuti awapezera kale mkazi wina ku Milonde.

Ine ndinkati amanga ndi iwowo. Ndinakumba pakhomo pa khola kufuna nyanga, ndinangopeza phale.

Anatimasula ndi nkhalamba ina yomwe inapita kunkhondo ya azungu, inkakoka nyama zonyamula katundu kumeneko. Ndinaipeza ikuchisisita pakhosi, ikuseka yokha. Inati imeneyi ndi nyulu, make hatchi, bambo wake bulu, ndipo mtundu umenewu subereka olo mutaupititsa kwa sing'anga.

Ndinaigwira dzanja nkhalambayo mpaka kwa alamu, bambo ali pomwepo. "Nenaninso agogo, mokweza, ena makutu awo ndi olemera."

Inanenanso. Alamu anangopotoza mlomo, n'kundiloza ine. "Chabwino chinyamacho tamva. Nanga awa, mayi awo ndi hatchi?"

Bambo anayang'ana pansi. Kenako anati wopusitsidwa ndi iwo eni, mbuzi zinali zanga, ndipo ku Milonde sapitako. Sanapitedi. Mwana woyamba anabwera chimanga chitacha kawiri, nyulu ija ili pompo, ikusenza chinangwa.

Alamu mpaka imfa yawo ankati nkhalamba ija ndinaigula ndi kachasu. Kachasu ndinaipatsa, sindikana. Koma inali italankhula kale.