Akuti mandasi anga ndi ziphuphu

Anthu inu, khonsolo yandiluzitsa ntchito ya ukwati wonse chifukwa cha mandasi atatu. Mwawerenga bwino. Atatu.

Amene simukundidziwa, ndine uja wa zikhadabo. Ndagwira ntchito ku care home yosamalira okalamba zaka zisanu ndi zinayi, ndikusunga pang'onopang'ono, mpaka ndapeza kachipinda kapamwamba kuno ku South East London koti ndiikemo saluni yangayanga. Mipando iwiri basi. Koma kuno sungatsegule chitseko n'kugwira chala cha munthu popanda laisensi ya khonsolo. Dzina la khonsoloyo sinditchula, akudzidziwa okha.

Kasitomala woyamba ndinali naye kale. Mayi a Tadala, anesi aja amene timapemphera nawo ku Woolwich, amakwatitsa mwana wawo. Mkwatibwi ndi operekeza ake asanu ndi atatu, onse zikhadabo kwa ine. Mukudziwa maukwati athu, aliyense amajambula dzanja la mphete. Ukwati umenewo ndi umene ukanandidziwitsa kwa Amalawi onse a mu London.

Fomu ya laisensi ndinadzaza kutatsala milungu isanu ndi iwiri kuti ukwati uchitike. Ndalama anadula tsiku lomwelo, mphindi ziwiri sizinathe. Pa ndalama pokha makina awo sadwala.

Kenako zii, mwezi wathunthu. Imelo inabwera kutatsala milungu iwiri: inspekita afika Lachiwiri, pakati pa 9 koloko ndi 1 koloko. Ndinasinthana shifiti ndi mnzanga. Ndinakolopa mpaka kuseri kwa sinki. Bambowo anatulukira 12:52, atanyowa ndi mvula, kachitupa kakulendewera pakhosi.

Tsopano ndikufunseni. Munthu walowa pakhomo panu atanyowa, nthawi ya nkhomaliro, mumatani? Ine ndinakulira ku Kasungu, sindinakulire m'tchire. Ndinawapatsa mpando, ndinayatsa ketulo, ndinatulutsa mandasi atatu amene ndinadzisungira ndekha n'kuwaika pa mbale yabwino. Anati ayi zikomo. Kwathu ayi woyamba ndi ulemu chabe, ndiye ndinawakakamiza. Anakananso. Ndinati mwina ndi amanyazi, safuna kudya ndikuwaona. Pamene amatuluka ndinakulunga mandasiwo mu foyilo n'kuwatsetserekera m'chikwama chawo kuti akadyere kutsogolo.

Nkhope inafiira ngati tomato. Anatulutsa kaphukusiko ndi zala ziwiri, ngati agwira khoswe wakufa, n'kukasiya patebulo. Kutsanzika kunalibe.

Lachinayi lipoti linafika. Zida zaukhondo, inshuwalansi ilipo, masatifiketi alipo, mpweya ukulowa bwino. Koma mfundo ziwiri. Yoyamba, chakudya pamalo ogwirira ntchito. Yachiwiri, mwini malo anayesa mobwerezabwereza kupereka mphatso kwa ofisala ngakhale atakanizidwa. Laisensi yaima kaye.

Mphatso! Ine ndikanafuna kugula munthu wa boma la Britain, ndikanamugula ndi mandasi? Ozizira?

Lachisanu ndinaimba foni 9:04. Nyimbo yawo ija ndinaimvera mphindi 41, pano ndimaiimba ndi pamtima. Mayi amene anayankha anati akumvetsa mmene ndikumvera. Kenako anandifunsa mtengo wa mphatsoyo. Ndinati ufa, shuga ndi mafuta. Anati zimenezo pa fomu yawo palibe pozilemba. Anati ndilembe kalata yofotokoza kuti chinthucho chinali chiyani komanso cholinga changa. Ndinawauza za ukwati, kuti watsala sabata imodzi. Anati akumvetsa mmene ndikumvera.

Ndinalemba, abale. Mzimayi wamkulu ine, tsamba lonse kufotokozera khonsolo kuti mandasi n'chiyani. Ndinaikapo ndi chithunzi. Anayankha kuti alandira, inspekita wina abwera pasanathe masiku khumi ogwira ntchito.

Lachitatu Mayi a Tadala anandiimbira ali pa break.

“Achemwali, nanga laisensi ija?”

“Ikubwera, anti. Zikavuta ndibwera kunyumba kwanu ndi zida.”

“Kunyumba kuti? Flat yadzaza ndi alendo, ena akugona mu kitchen. Komanso Tadala akufuna ma photo a mu salon. Pepani, ta-book kwina ku Lewisham.” Kenako anatsitsa mawu. “Koma ndi zoona zoti munagwidwa mukupereka bribe? Anthu akukamba pa group.”

Ndinalira. Sindibisa, ndinakhala pa mpando wanga watsopano uja, pepala la pulasitiki ndisanachotse n'komwe, n'kulira ngati mwana. Zithunzi za ukwati ndinaziona pa foni Loweruka ndili pa shifiti. Zikhadabozo sindinenapo kanthu, Mulungu akuona.

Inspekita wachiwiri anabwera Lolemba lotsatira, 10:15. Mzimayi, woyembekezera, wotopa kale, miyezi mwina isanu ndi itatu. Anakwera masitepe anga aja akupuma mwabefu. Ine ndinali nditaphunzira. Ketulo ndinali nditaisiya kunyumba. Ndinaima pakona manja kumbuyo ngati msilikali. Mayiyo anayendera chipinda chonse chiimirire, mphindi 35. Anatsokomola kawiri. Pakamwa panga panafuna kutuluka mawu oti khalani pansi mumweko madzi, koma ndinadziluma lilime. Nanga madziwo akawalemba kuti ndi mphatso?

Pomaliza anamwetulira n'kunena kuti zinthu zasintha kwambiri. Laisensi inabwera m'mawa mwake.

Ndiye akhonsolo, ndiyankheni. Buku lanu lija limene likuti mandasi ndi ziphuphu, bwanji simunanditumizire limodzi ndi fomu? Bambo aja sakanangondiuza ndi pakamwa kuti amayi, ntchito yathu sitiloledwa kulandira kanthu? Anali ndi pakamwa, ndinapaona. Nanga dzina langa pa gulu la tchalitchi alichapa ndani?

Inu amene mukufuna kutsegula malo anu kuno, mverani ine. Munthu wa kachitupa pakhosi si mlendo. Musamupatse mpando, musamufunse ngati wadya.

Laisensi ili pakhoma, mu fulemu. Koma ine ndinaima pawindo kumuyang'ana mayi uja akupita kokwerera basi atagwira msana, ndipo manyazi ake sanandichokebe. Ndamumana madzi mzimayi wapakati pakhomo panga, ndipo khonsolo yandipatsa pepala loti ndakhoza.